Coumarin wa mu sinamoni ndi yemweyo wa m'mankhwala a makoswe?

Kanyimbi77:
Akuluakulu, pa WhatsApp pakuyenda uthenga woti sinamoni ali ndi coumarin, ndipo coumarin ndi mankhwala omwe aja ophera makoswe, ndiye womwa tiyi wa sinamoni magazi ake asiya kuundana. Uthenga wina ukunena zotembenuza: ati siyani warfarin, muzimwa sinamoni chifukwa ndi chimodzimodzi koma wachilengedwe. Onse awiri atsamira pa mawu amodzi. Inu odziwa, tamasulirani: coumarin ndi chinthu chimodzi kapena ndi dzina la gulu? Nanga m'Chichewa tingalembe bwanji kuti anthu asasokonezeke?

Famasi_Zomba:
Onse awiri ndi abodza, koma wachiwiriwo ungathe kupha munthu. Coumarin wa mu sinamoni saletsa magazi kuundana. Amene wapatsidwa warfarin chifukwa cha valuvu ya mtima kapena magazi oundana m'mwendo akasiya n'kumamwa sinamoni, watsala wopanda chitetezo chilichonse.

Chalk_ndi_Bolodi:
A Kanyimbi, vuto ndi lakuti mawu amodziwa akusenza katundu wa mitundu itatu.

Choyamba, coumarin ndi dzina la kemikolo imodzi, C9H6O2, yoyera, yonunkhira ngati udzu wongomwetedwa kumene ukamauma. Dzinali lidachokera ku coumarou, momwe Afalansa adalembera dzina limene eni nthaka a ku South America ankatchulira mtengo wa tonka, Dipteryx odorata. Idachotsedwa koyamba m'njere za mtengowu mu 1820. Vogel wa ku Munich adaiyesa benzoic acid, ndipo Guibourt wa ku France ndiye adaona kuti ndi chinthu china n'kuipatsa dzina. William Perkin adaipanga mu labotale mu 1868, ndipo pofika 1882 inali italowa kale m'mafuta onunkhira.

Chachiwiri, akatswiri a zomera akati ma coumarin amatanthauza banja lonse la makemikolo oposa 1,000 amene ali ndi mafupa ofanana: mphete ziwiri zogwirana, imodzi ya benzene, inayo yokhala ndi oxygen m'kati. Malo a pa mphetezi amawerengedwa kuyambira 1 mpaka 8. Pa 1 pali oxygen, pa 2 pali kaboni wogwira oxygen wina. Chimene chaphatikizidwa pa 3, 4, 5, 6, 7 kapena 8 ndicho chimasintha ntchito ya kemikoloyo m'thupi.

Chachitatu, madokotala, makamaka a ku Germany ndi ku Netherlands, akati ma coumarin amanena mankhwala a magazi: warfarin, phenprocoumon, acenocoumarol. Chisokonezo cha pa WhatsApp chabadwira pamenepa.

Gontho_wa_kuMudzi:
Ndiye dzina limodzi, anthu atatu. Ngati a Banda.

Dotolo_wa_Ziweto:
Mbiri ya tanthauzo lachitatulo idayambira ku khola. M'zaka za m'ma 1920 ng'ombe za ku Canada ndi kumpoto kwa America zinkafa ndi kukha magazi zikafulidwa kapena kudulidwa nyanga. Frank Schofield wa ku Ontario adapeza kuti zonse zinkadya udzu wouma wa sweet clover, Melilotus, umene udachita nkhungu. Udzu wouma bwino sunkapha. Gwiritsani mfundo imeneyi: chomeracho chili ndi coumarin wambiri, koma ng'ombe yodya chabwinobwino siikha magazi.

Zimachitika chonchi. Udzu ukaunjikidwa usanaume, nkhungu za mtundu wa Penicillium ndi Aspergillus zimachititsa kuti m'malo mwa coumarin mupangike 4-hydroxycoumarin, kutanthauza kuti pa malo a 4 pakhala OH, oxygen wogwirana ndi hydrogen. Kenaka awiri otere amalumikizana kudzera pa kaboni mmodzi n'kukhala dicoumarol. Gulu la Karl Paul Link ku University of Wisconsin lidayamba kuisaka mu 1933, Harold Campbell adaipeza mu 1939, ndipo mu 1940 adadziwa kapangidwe kake. Warfarin adatuluka mu 1948 ngati mankhwala a makoswe, n'kuvomerezedwa kwa anthu mu 1954. Dzina lake ndi zilembo za Wisconsin Alumni Research Foundation kuphatikiza mchira wa mawu oti coumarin. Kampani itamutcha Coumadin, chisokonezo chidangokhazikika.

Namwino_Usiku:
Ndipo mawu oti "kusungunula magazi" tiwasiye. Warfarin sasungunula chilichonse, magazi sasanduka amadzimadzi. Amatseka enzyme, puloteni yoyendetsa ntchito ya m'chiwindi, imene imabwezeretsa vitamini K kuti agwirenso ntchito. Popanda vitamini K ameneyu chiwindi chimatulutsa mapuloteni oundanitsa magazi, ma factor II, VII, IX ndi X, osagwira ntchito. N'chifukwa chake amatenga masiku angapo kuti ayambe kuoneka mphamvu, pakuti akale aja ayambe atha kaye. Kulemba koyenera ndi "mankhwala ochedwetsa kuundana kwa magazi".

Kanyimbi77:
Koma kumudzi aliyense amati kusungunula. Mukalemba zazitalizo amva?

Namwino_Usiku:
Amva. Aliyense adaonapo magazi a mbuzi akuundana m'mbale. Woopsa ndi amene wamva "kusungunula" n'kuganiza kuti chilichonse chotenthetsa thupi, jinja, adyo, sinamoni, chingalowe m'malo mwake.

MzunguWaMbewa:
A Chalk ndi a Dotolo, mwafotokoza bwino, koma uthenga umene ukutuluka, woti chomera pachokha sichikhetsa magazi popanda nkhungu, ukupitirira malire. Ferula communis wa m'maiko ozungulira nyanja ya Mediterranean, monga ku Sardinia ndi ku Morocco, amapanga yekha ferulenol, amene ali ndi OH pa 4 ndi mchira wautali pa 3. Nkhosa ndi ng'ombe zimakha magazi zikadya chomera chamoyo, nkhungu palibe.

Dotolo_wa_Ziweto:
Mwalasa. Koma taonani kuti chitsanzo chanucho chikulimbitsa lamulo lomwelo: OH pa 4, china cholemera pa 3. Popanda ziwirizo palibe kukha magazi kwa mtundu wa warfarin. Sinamoni alibe zimenezo.

MzunguWaMbewa:
Pamenepo tagwirizana. Ndimakana kuti "chachilengedwe" chisanduke "chosavulaza".

Famasi_Zomba:
Tibwerere kwa sinamoni, chifukwa ali ndi mlandu wake, kungoti ndi wa chiwindi osati wa magazi. Bungwe la EFSA la ku Ulaya lidaika malire mu 2004: mamiligalamu 0.1 a coumarin pa kilogalamu iliyonse ya thupi pa tsiku. Munthu wa makilogalamu 60 ndiye mamiligalamu 6. Bungwe la BfR la ku Germany limawerengera kuti sinamoni wa cassia amakhala ndi pafupifupi mamiligalamu 3 pa galamu iliyonse, ngakhale amasiyana kwambiri paketi ndi paketi. Gawani: magalamu 2 okha akwanitsa malire. Supuni ya tiyi yosasefukira ya sinamoni wogaya imalemera pafupifupi magalamu 2.5, ndiye yadutsa kale. Mwana wa makilogalamu 15 malire ake ndi mamiligalamu 1.5, theka la galamu basi.

Kuwaza pang'ono pa phala kapena mu keke si nkhani. Nkhani ndi ya amene amamwa supuni m'mawa, supuni madzulo, miyezi yathunthu, ati akutsitsa shuga kapena akuchepetsa mimba. Mwa anthu ena ochepa ma enzyme a chiwindi amakwera, nthawi zina mpaka chikasu, ndipo kawirikawiri zimabwerera akasiya. Coumarin adagwiritsidwapo ntchito ngati mankhwala a kutupa kwa manja ndi miyendo, koma maiko ena adamuchotsa pa msika m'zaka za m'ma 1990 chifukwa cha chiwindi chomwechi. Ku America adaletsa kumuthira m'zakudya mu 1954.

Mayi_wa_Zonunkhira:
Kusiyanitsa cassia ndi sinamoni wa Ceylon ngati mwagula wa timitengo n'kosavuta. Wa Ceylon, Cinnamomum verum, ndi makungwa opyapyala ambiri okulungidwa pamodzi ngati ndudu, mtundu wake wotuwirako, ndipo amafumbutuka ndi zala. Cassia ndi khungwa limodzi lokhuthala, lofiirira kwambiri, lopindikira m'kati, lolimba moti mungathyole nalo chogayira. Wa Ceylon ali ndi coumarin wochepa zedi. Wogaya kale simungamusiyanitse ndi maso. Paketi ikangolembedwa cinnamon popanda Ceylon kapena verum, muyeseni cassia, chifukwa ndiye wotchipa ndi wochuluka pa msika. Mayina a cassia pa lebulo: C. cassia kapena aromaticum wa ku China, C. burmannii wa ku Indonesia, C. loureiroi wa ku Vietnam.

Tsabola_Kambuzi:
Ndiye tameriki nayenso tisiye? Paja ali ndi coumarin yemweyo.

Chalk_ndi_Bolodi:
Ayi achimwene, ameneyo ndi curcumin. Amafanana pakamwa pokha. Curcumin ndi utoto wachikasu wa Curcuma longa, alibe ubale ndi nkhani yathu. Mayina ena onyenga: coumaric acid si coumarin, ndi zipangizo zimene chomera chimayambira, mphete yachiwiri isanatsekedwe. Coumarone ndi benzofuran. Coumestrol wa mu soya wophuka ndi alfalfa ali m'gulu la ma coumestan ndipo amachita ngati estrogen. Khellin amatchulidwa limodzi ndi ma coumarin m'mabuku ena koma ndi chromone, oxygen wake wachiwiri ali pa 4 osati pa 2.

Tsabola_Kambuzi:
Chabwino, ndabweza mawu.

Lab_Tech_265:
Funso limene palibe wafunsa: bwanji coumarin yemweyo amaononga chiwindi cha khoswe msanga kuposa cha munthu? Munthu ali ndi enzyme CYP2A6 imene imaika OH pa 7, kupanga 7-hydroxycoumarin, amene amatuluka mu mkodzo. Khoswe amadutsa njira ina, ya 3,4-epoxide, imene imabala zinthu zopweteka chiwindi. Choncho zotsatira za makoswe a mu labotale sizisamutsidwa kwa anthu mwachisawawa. Koma musasokoneze ndi nkhani ya nyambo ya makoswe ija, imeneyo ndi ya magazi.

Za mayina, pali kachinsinsi kothandiza. Ambiri adatengedwa ku chomera chimene adapezekamo. Umbelliferone, yemwe ndi 7-hydroxycoumarin uja, ndi wa banja la karoti, lomwe kale linkatchedwa Umbelliferae. Esculetin ndi wa Aesculus, scopoletin wa Scopolia, fraxetin wa Fraxinus, bergapten wa lalanje la bergamot, psoralen wa Psoralea. Ndipo pa awiriawiri awa mchira umakuuzani ngati pali shuga: esculin, scopolin, fraxin ali ndi glucose, pamene esculetin, scopoletin, fraxetin ndi omwewo shuga atachoka. Si lamulo la mayina onse, herniarin alibe shuga ngakhale akuthera ndi in.

Chomera chimasunga coumarin atamangidwa ku shuga, wopanda fungo. Tsamba likaphwanyika kapena kufota, enzyme imadula shugayo, mphete imatsekeka, fungo n'kutuluka. N'chifukwa chake sweet clover wamoyo sanunkhira ngati womwetedwa.

Nkhata_Bay_Boy:
Zonsezi ndi za kunja. Kuno kwathu zikutikhudza pati?

Mlangizi_Mizu:
Pa chinangwa chanu chomwecho, akulu. Mizere yakuda mobiriwira imene imaoneka m'kati mwa chinangwa pakadutsa tsiku limodzi mpaka atatu chizulidwe si kuola. Ndi muzu womwe ukuyankha bala. Pamene padulidwa kapena kusupuka, muzu umapanga scopoletin wambiri pamodzi ndi scopolin ndi esculin. Enzyme ya peroxidase ikamugwira scopoletin pali hydrogen peroxide, pamatuluka utoto wakudawo, kuyambira pa bala kutsata mitsempha. Kuola kwenikweni kwa tizilombo kumadza pambuyo, patatha masiku 5 mpaka 7.

Popeza chimafuna bala ndi mpweya, njira zochedwetsera zonse zimalimbana ndi ziwirizo. Zulani mosamala, khasu lisateme muzu, ndipo siyani kachidutswa ka tsinde pamutu pake m'malo mothyola. Kudulira mitengo kusiya masentimita 20 mpaka 30 milungu iwiri kapena itatu musanazule kumachedwetsa mizere ija, koma muzu umachepa ufa chifukwa wina umasanduka shuga. Chosavulala mungachisanje m'bokosi mosinthanitsa ndi utuchi wonyowa pang'ono, wongofunda chinyezi osati wodontha. Ukanyowetsa chimaola, ukauma mizere imabwera. Ogulitsa kunja amachiviika mu phula losungunula. Chovulala chidyedwe kapena chiviikidwe tsiku lomwelo.

Nkhata_Bay_Boy:
Ndiye kuwawa kwa chinangwa cha kondowole ndi coumarin ameneyu?

Mlangizi_Mizu:
Ayi. Chimene mumaviikira m'madzi masiku angapo ndi linamarin, amene amatulutsa cyanide. Banja lina kotheratu. Musafupikitse masiku oviika chifukwa cha zimene tikukamba pano.

Gontho_wa_kuMudzi:
Kondowole wa masiku awiri m'madzi ndi wa anthu othamangira maliro awo.

Nkhata_Bay_Boy:
Inu a ku mgaiwa musatiphunzitse kondowole.

Kanyimbi77:
Tabwererani kuno abale, nsima tikangana tsiku lina.

Khungu_Clinic:
Gulu limene lasiyidwa ndi limene limavulaza anthu ambiri osadziwa: ma furanocoumarin. Awa ali ndi mphete yachitatu, ya furan. Ikalumikizidwa pa 6 ndi 7 molekyu imakhala yowongoka, ndiwo psoralen, bergapten ndi xanthotoxin. Ikalumikizidwa pa 7 ndi 8 imakhala yopindika, monga angelicin. Owongokawo ndiwo aukali. Amalowa pakati pa zingwe ziwiri za DNA, ndipo kuwala kwa dzuwa kwa UVA, pakati pa 320 ndi 400 nm, kukawagunda amamangirira zingwezo pamodzi, selo n'kufa.

Amapezeka m'makoko ndi madzi a mandimu, makamaka ang'onoang'ono obiriwira aja, mu celery, parsley, parsnip, rue, ndi mu utomoni wa mkuyu wa m'munda, Ficus carica. Munthu amafinya mandimu padzuwa, kapena kudzola kumaso ati achotse ziphuphu, osasamba. Tsiku lomwelo palibe kanthu. Pakatha maola 24 khungu limafiira ndi kutentha, pakati pa maola 48 ndi 72 matuza amatuluka, kenaka pamatsala zipsera zakuda za miyezi. Chizindikiro chake ndi mawonekedwe: mizere ya madzi otsetsereka, madontho, nthawi zina chidindo cha dzanja pa thupi la mwana amene adanyamulidwa ndi wofinya mandimu. Sambani ndi sopo msanga, ndipo malowo aphimbidwe kwa masiku awiri. Si allergy, aliyense angapse mlingo ukakwana.

Mphamvu yomweyi ndi mankhwala. Ku Egypt ankagwiritsa ntchito njere za Ammi majus pa nthenda ya zigamba zoyera pakhungu, vitiligo, kuyambira kalekale. Xanthotoxin adachotsedwa m'chomerachi ku Cairo m'zaka za m'ma 1940, ndipo mu 1974 ku Boston adafalitsa njira ya PUVA, psoralen pamodzi ndi kuwala kwa UVA, yochizira nthenda ya khungu ya psoriasis. Samalani mayina: xanthotoxin, methoxsalen ndi 8-MOP ndi chinthu chimodzi. Bergapten ndi 5-MOP.

Mayi_wa_Zonunkhira:
N'chifukwa chake mafuta a bergamot odzola amalembedwa FCF, kutanthauza opanda ma furanocoumarin, kapena bergapten-free. Opanda chizindikirocho musawadzole popita padzuwa.

Famasi_Zomba:
A Khungu atsegula khomo la manyumwa. Bergamottin ndi 6',7'-dihydroxybergamottin a mu manyumwa ndi ma furanocoumarin, ndipo amapha enzyme CYP3A4 ya m'matumbo, imene imaphwanya gawo la mankhwala asanalowe m'magazi. David Bailey ndi anzake ku Canada adazitulukira mwangozi mu 1989 poyesa felodipine, mankhwala a BP. Enzyme ikafa, thupi liyenera kupanga yatsopano, ndiye tambula imodzi ya madzi a manyumwa ingasokoneze tsiku lathunthu mpaka masiku atatu. Kumwa mapiritsi m'mawa, manyumwa madzulo, sikuthandiza. Okhudzidwa ndi monga simvastatin, nifedipine, felodipine, ndipo pepala la m'bokosi la LA wa malungo limanena kuti madzi a manyumwa apewedwe. Malalanje otsekemera alibe vutoli.

Kwa amene ali pa warfarin, adani enieni si sinamoni wa pa phala. Bactrim, Flagyl ndi fluconazole zimakweza INR, nambala yoyezera kuchedwa kwa magazi kuundana, munthu n'kuyamba kukha magazi. Rifampicin wa TB amaitsitsa kwambiri. Aspirin, brufen ndi diclofenac zimawonjezera ngozi ya kukha magazi m'mimba. Masamba monga mpiru, repu, nkhwani ndi bonongwe ali ndi vitamini K. Musawasiye, koma muzidya mlingo wofanana sabata ndi sabata, chifukwa mlingo wa mapiritsi udayezedwa pa kadyedwe kanu. Ambiri INR yawo imafunika ikhale pakati pa 2 ndi 3.

Dotolo_wa_Ziweto:
Pa nyambo ya makoswe, werengani dzina laling'ono pa paketi. Coumatetralyl ndi warfarin ndi a m'badwo woyamba. Brodifacoum, bromadiolone ndi difenacoum ndi a m'badwo wachiwiri, amakhala m'chiwindi milungu yambiri. Galu akadya saonetsa kanthu masiku 3 mpaka 5, kenaka kufooka, nkhama zoyera, kupuma movutika. Mankhwala ake ndi vitamini K1, osati K3, ndipo pa a m'badwo wachiwiri amaperekedwa milungu 3 mpaka 4 kapena kupitirira. Ambiri amasiya pa sabata imodzi galu akadzuka, ndiye magazi amayambiranso. Nyamulani paketi popita kwa dotolo, chimodzimodzi ngati wadya ndi mwana, ndipo musadikire zizindikiro.

Tameki wogulitsidwa m'timapepala pa msika si wa banja limeneli. Ndi aldicarb, amagwira m'mphindi zochepa, dovu, kusanza, kunjenjemera, ndipo vitamini K sathandiza. Ameneyo ndi wothamangira naye kuchipatala nthawi yomweyo.

Mtedza_Mchinji:
Ena amalemba kuti chuku cha mu mtedza ndi coumarin. Zoona?

Lab_Tech_265:
Pa mafupa inde, aflatoxin amatchedwa difuranocoumarin. Koma sapangidwa ndi mtedza, amapangidwa ndi nkhungu Aspergillus flavus ndi A. parasiticus, kudzera njira yosiyana ndi ya zomera. Ndiye m'ndandanda wa ma coumarin a zomera salowamo. Adadziwika nkhukundembo pafupifupi 100,000 zitafa ku England mu 1960 zitadya chakudya cha mtedza wochokera ku Brazil. Zilembo B ndi G zikuimira mtundu umene amawala pa nyali ya UV, buluu ndi girini.

Kuwala kumeneku ndi khalidwe la banja lonse, ndipo ndi kumene timayezera. Pa TLC, njira yolekanitsira makemikolo pa mbale ya silica, toluene ndi ether theka ndi theka zokhutitsidwa ndi acetic acid wa 10%, kenaka nyali ya 365 nm. Umbelliferone ndi scopoletin amawala buluu wowala, ma furanocoumarin ambiri chikasu kapena mobiriwira. Coumarin weniweni sawala bwino mpaka mutapopera potassium hydroxide, KOH, wa 5 mpaka 10% mu ethanol, amene amatsegula mphete, ndiye amawala chikasu chobiriwira. Ophunzira ambiri amalakwa apa: amaona buluu aliyense n'kulemba kuti coumarin alipo. Chlorogenic acid ndi caffeic acid amawalanso buluu, ngakhale pepala losefera limene lili ndi zoyeretsera limawala. Popanda standard, kemikolo yodziwika kale yofananizira, pa mbale yomweyo, zotsatirazo ndi zongoganizira.

Kanyimbi77:
Ndiye pa kalembedwe: kumarini kapena coumarin?

Chalk_ndi_Bolodi:
Kumarini amawerengeka bwino pakamwa.

Famasi_Zomba:
Koma sapezeka pa lebulo iliyonse. Munthu akufuna kufananiza zimene wawerenga ndi zimene zili pa paketi. Siyani coumarin momwe alili, ndipo musamusiye yekha, nthawi zonse muzimupatsa mnzake: coumarin wa fungo wa mu sinamoni, amene nkhawa yake ndi chiwindi, ma furanocoumarin a mu mandimu ndi manyumwa, a khungu ndi mapiritsi, scopoletin wa mu chinangwa. Warfarin ndi nyambo ya makoswe muzizitchula ndi mayina awo, mawu oti coumarin asaonekepo n'komwe.

MzunguWaMbewa:
Kupatula pa coumatetralyl ndi brodifacoum, pomwe ali kale m'dzina.

Famasi_Zomba:
Amenewo palibe angawathire mu tiyi.

Mayi_wa_Zonunkhira:
A Famasi, mamiligalamu 3 pa galamu aja ndi a ufa wodyedwa wonse. Nanga wowiritsa kamtengo m'madzi n'kukataya?

Famasi_Zomba:
Wocheperapo, poti khungwa simudya, koma coumarin amasungunuka m'madzi otentha, ndipo mukawiritsa nthawi yaitali kapena kuphwanya kamtengoko amatuluka wambiri. Womwa tsiku ndi tsiku agule wa Ceylon.